Tsiku Limene Achimwene Anasanduka Iwe

Inu, tamverani, poti basi yachedwa ndipo mvulayi ilibe maganizo okata. Nkhaniyi si yanga. Ndinaimva kwa eni ake, mbali ina kwa a Sugathan, mbali ina kwa mkazi wawo Sulochana, ndipo pamene awiriwa asiyana mawu ndikuuzani zonse ziwiri. Ine sindithira mchere m'ndiwo za eni, Mulungu akundiona.

A Sugathan mukuwadziwa, aja olandira mkaka pa kopaletivu ya alimi a ng'ombe kwathu ku Cheruthara. M'mawa ndi madzulo amakhala ataima pakati pa zigubu, akuviika kagalasi kawo mu mkaka kuti agwire amene waubatiza ndi madzi a m'ngalande. Munthu wabwino ndithu. Uchema samwa, juga satchova, mkazi samenya. Nthenda yawo inali imodzi yokha: ukulu.

Pa adzukulu onse a mtundu wawo, woyamba kubadwa anali iwo, ndipo sankalola munthu kuiwala. Pa Onam, phwando lathu lalikulu la pachaka, tsamba la nthochi loyamba kuyalidwa linali lawo, mpunga woyamba kupakulidwa unali wawo, nyale yamkuwa oyatsa anali iwo. Wowatsatira anali Pavithran, mwana wa bambo awo aang'ono, woyendetsa kagalimoto ka matayala atatu konyamula anthu. Mapepala a kusukulu ankati Pavithran ndi wamng'ono ndi chaka chimodzi, koma chaka chimenecho a Sugathan ankachikama m'mawa ndi madzulo osauma. Mukudziwa kuti mwamuna akapinda mundu wake, nsalu ija timamanga m'chiuno, kuti ilekeze m'mawondo, akakumana ndi wamkulu amaimasula kuti igwe mpaka kumapazi. Ndiye a Sugathan akakumana ndi Pavithran pamlatho, ngakhale njira ili matope okhaokha, ankangoima chilili, maso pa mawondo a mnzawo.

"Iwe Pavithran, mawondo akowo ukuonetsa ndani?"

"Pepani achimwene, matopewa."

"Matopewo ndi aakulu kuposa ine?"

Nsalu ija n'kugwa, n'kumakwekwereza m'matope.

Kunyumba nakonso chimodzimodzi. Sulochana ankaitana mwamuna wake kuti achimwene, monga amachitira akazi athu, pakuti mwamuna amayenera kukhala wamkulu kwa mkazi. Iyenso mapepala ankati ndi wamng'ono ndi chaka. Ukwati wonsewo ankaima pambali ndi chipande m'manja a Sugathan akudya, iye n'kudzadya pambuyo: mutu wa nsomba ndi mchira, pakati papita ndi achimwene.

Tsono banki yathu ya kopaletivu, ija ya pamwamba pa sitolo ya nsalu, inalengeza kuti ikufuna kalaliki. A Sugathan atangomva, mkaka unayamba kuwanunkha. Anadziona atakhala pampando wozungulira, chokupizira mphepo chikuzungulira kudenga, atavala thalauza, mudzi wonse ukuwatchula kuti bwana. Kukhala wamkulu pamtundu n'kwabwino, koma kukhala wamkulu kwa aliyense wodzapempha ngongole, abale inu, ndi ufumu.

Lamulo linali lakuti wofunsira asapitirire zaka makumi anayi, koma ogwira kale ntchito m'makopaletivu anawaonjezera zisanu. A Sugathan anali atadumpha ngakhale zoonjezerazo ndi chaka chimodzi. Ankadziwa, koma anati chaka chimodzi n'chiyani pakati pa anthu odziwana? Anafunsira, anakagula thalauza ndi nsapato zothina, n'kukalengeza pa kanyumba komwera tiyi ka Moidu kuti amene akufuna kuwapatsa moni wa mkaka afulumire. Yankho la banki silinachedwe: mwakalamba.

"Bwana kalaliki," ankatero anyamata a pa tiyi, "ngongole yanga ija mwasainira?"

Munthu wina akanaseka n'kupachika thalauza pamsomali. A Sugathan anakwera basi kupita m'tauni kwa loya Ouseph, bambo wamfupi, wadazi, wosataya mlandu ngakhale utanunkha bwanji.

Nthawi imeneyo milandu ya zaka inali ngati udzudzu wa m'dzinja. Amene anali asilikali ankafuna kuti zaka zawo zonse za kuusilikali zisawerengedwe. Aganyu a m'mabanki ankati nafenso ndife antchito, tionjezereni. Achinyamata nawo ankasumira mabanki kuti nkhalamba zikuwadyera malo. Loya Ouseph analowetsa mutu pomwepo, n'kukauza khoti kuti munthu amene wanyamula zigubu za kopaletivu kuyambira ali ndi tsitsi lonse sangapatsidwe zaka zisanu zokha ngati basera. Analankhula mpaka thovu kukamwa. Khoti linati ayi, mpanda ukhale pamene uli.

A Sugathan anabwerera ku ofesi ya loya nkhope ili gwa.

"Mwandidyera ndalama, a Ouseph."

"Khalani pansi. Munabadwa liti?"

"Kumapeto kwa Meyi."

Loya uja anaseka mpaka kutsokomola. "Inenso kumapeto kwa Meyi. Mlembi wangayu kumapeto kwa Meyi. Kodi mukuganiza kuti amayi athu anachita msonkhano? Sukulu imatsekulira mu Juni, bambo. Tsikulo anakupatsani ndi aphunzitsi, osati azamba. Tandiuzani, munayamba sukulu bwanji?"

Pamenepo a Sugathan anakumbukira kanthu kena kamene ankakakankhira kunsi kwa mtima. Chaka chimenecho ana anachepa pasukulu ya kwathu, ndipo mphunzitsi wina, poopa kuti kalasi lake litsekedwa iye n'kutha ntchito, anayenda nyumba ndi nyumba kutola mwana aliyense wotha kuima yekha. Amayi awo ankanena moseka kuti Sugathan wanga ankati akaweruka n'kuthamangira kubere.

"Mwina anandionjezera pang'ono," anatero monong'ona. "Zaka ziwiri kapena."

Loya Ouseph anamenya tebulo. "Basi! Ngati khomo lakana kukula, tichepetse ng'ombe."

Inu, tamverani. Munthu amene amadziwa ndi diso lokha kuti mkaka uwu wathiridwa kapu ya madzi, sanathe kuchotsa ziwiri pa zaka zake n'kuona amene watsala pamwamba. Kapena anatha, koma mpando wozungulira unamutseka maso. Iwo amati anangofunsa funso limodzi:

"Kodi zimenezi zimveka kumudzi?"

"Ndani wa ku Cheruthara angasiye ng'ombe zake kudzamvera mlandu wa pepala la sitandade wani?"

Anayamba ndi dokotala wa mafupa, kuti sayansi ichitire umboni. Dokotala anawavula malaya, kuwayasamulitsa, kuwagogoda m'mawondo, kuwajambula msana.

"Mano anu, bambo, ndi a zaka makumi anayi."

"Lembani pomwepo, adokotala!"

"Mawondo ndi a zaka makumi asanu ndi limodzi."

"Amenewo asiyeni, ndi zigubu."

"Mimbayi ndi ya miyezi isanu."

Pomaliza dokotala analemba kuti munthuyu ali pakati pa mnyamata ndi nkhalamba, n'kuwaletsa nthochi zokazinga ndi shuga mu tiyi. Anatuluka mmenemo opanda umboni koma ndi matenda awiri amene sanabwere nawo.

"Pepalali n'lokulungira mtedza," anatero loya Ouseph. "Tikufuna munthu amene analipo tsiku limene munabadwa. Amayi anu ali moyo?"

Anali moyo, ndipo alipo mpaka lero, Mulungu awasunge. Mayi Bhargavi, khutu limodzi linafa, linalo limamva zimene lafuna, ndipo polankhula amakuwa ngati akuitana bwato kutsidya. Basi sakwera, akuti imawasanzitsa. Galimoto ya hayala a Sugathan atamva mtengo anagwira pamtima. Ndiye anaganiza mwanzeru: m'bale salipiritsa m'bale.

"Iwe Pavithran, mawa utitengere m'tauni. Amayi akukasainira kapepala."

"Chabwino achimwene."

Ndipo poti nkhalamba imafuna wougwira mkono pamasitepe ndi wopita nayo kuseri, anati Sulochana naye apite. Mwaona? Anthu awiri okha padziko lapansi amene sankayenera kumva mlanduwo, anawanyamula okha kuti asunge ndalama za hayala. Akuluakulu anati safunsa anadya phula, koma awa phulalo anachita kuwotcha okha.

Panalinso nkhani ya imvi. Loya anawauza kuti akaoneke ngati munthu wa zaka zimene akupempha. Wometa anatchula mtengo wodetsera tsitsi, iwo anati ndi umbava, n'kukagula kapaketi ka mankhwala akuda kwa mnyamata woyala malonda pansi kumsika. M'mawa wa mlandu anatuluka m'nyumba mutu uli bii, ndevu za pamlomo zili bii, malaya oyera ositidwa bwino. Sulochana akuti anadzidzimuka n'kufunsa kuti mlendoyu akufuna ndani.

Kagalimoto ka Pavithran m'mbali mulibe zitseko. Atangowoloka mlatho, mvula inabwera chopingasa. A Sugathan, monga wamkulu, anali atasankha malo a kumphepete kopita kamphepo. Pofika m'tauni unyamata wawo wonse unali utatsikira m'khosi. Mizere yakuda kuchokera pachipumi, kudutsa m'masaya, mpaka m'thumba la malaya. Ndevu mbali imodzi zakuda, mbali ina zoyera. Mlonda wa pakhoti anawayang'ana n'kunena kuti amakala alowere kuseri.

Woweruza anali mayi wa magalasi, wooneka kuti wamva mabodza okwana moyo wonse. Anawayang'ana a Sugathan, n'kuyang'ana pepala, n'kuwayang'ananso. Pavithran ndi Sulochana anakhala pabenchi kumbuyo, akudabwa kuti kapepala kanji kosainira pamaso pa woweruza.

Mayi Bhargavi anaimikidwa m'bokosi la mboni. Loya Ouseph anawafunsa mokuwa ngati mwana wawo anayamba sukulu pa msinkhu wake.

"Msinkhu wake uti? Kanali kamwana kosadziwa n'kupukuta mamina komwe! Aphunzitsi anakanyamula pamkono. Anandipatsa ambulera yatsopano."

Kenaka anaimirira loya wa banki, mnyamata wamtali wodzimva.

"Agogo, kodi mumatha kuwerenga?"

"Wati chiyani?"

"Kuwerenga! Mumatha?"

"Ndiwerenge kuti ndilembedwe ntchito kubanki kwanuko?"

"Ndiye ngati simuwerenga, chaka chimene mwana wanu anabadwa mukuchidziwa bwanji? Si kuti mwachita kuuzidwa zoti munene?"

Abale anga, pali mafunso ena amene munthu ayenera kuyamba wapemphera asanafunse. Mayi Bhargavi anawongola msana.

"Ine kuuzidwa? Ndingaiwale bwanji? Mkazi wa mlamu wanga, malemu mayi ake a Pavithran uyo wakhala apoyo, anakwatiwa pambuyo panga koma anayamba ndiye kubereka. Chaka chathunthu ankandidutsa pachitsime atanyamula mwana, akundiyang'ana pamimba ngati ndameza mwala. Tsiku limene ndinabereka uyu, Pavithran anali akuyenda kale, anagwetsa mphika wanga wa madzi otentha!"

Kumbuyo kuja Pavithran anangoti kukamwa yasa.

"Ndiye aphunzitsi atamulemba wanga kuti ndi wamkulu, ndinati eya, Mulungu wandibwezera. Mayi uja analongolola, koma pepala ndi pepala. Kenaka anamwalira mwana ali wamng'ono, bambo ake ali ku Bombay, nkhani n'kuthera pomwepo."

Loya Ouseph ankangogwedeza mutu ngati akumva nyimbo yokoma. Loya wa banki anayesa kudzipulumutsa.

"Umenewo ndi umboni wa m'nyumba imodzi, agogo. Pali china?"

"Chilipo! Mpongozi wangayo, Sulochana. Mayi ake anali mnzanga wa pamtima. Tsiku limene anapita naye kukachisi kukamulawitsa mpunga woyamba, ine ndinalipo, ndinamunyamula, anandikodzera pansalu yanga yatsopano. Uyu," analoza a Sugathan, "ndinali naye m'mimba, ndikusanza m'mawa uliwonse. Pokambirana za ukwati tinagwirizana ndi mayi akewo kuti tisatchule. Mwamuna wamng'ono kwa mkazi, anthu akanati chiyani?"

"Bodza!"

Amene anakuwayo sanali loya wa banki. Anali a Sugathan, ataimirira, madzi akuda akudontha kuchibwano.

"Amayiwa akalamba, mutu sukugwira! Ine Pavithran ndamuona akukwawa ndi maso angawa!"

Loya Ouseph anawakoka malaya mpaka batani linaduka. Woweruza anavula magalasi pang'onopang'ono.

"Bambo, mboniyi mwabwera nayo ndinu."

"Inde, bwana, koma yapitirira malire."

"Ndakhala pampando uno nthawi yaitali," anatero woweruza, "koma sindinaonepo munthu akutsutsa mlandu wake womwe. Tithandizane. Ngati mayi anu akunama, ndinu wamkulu kwa m'bale wanuyo ndi kwa mkazi wanu, ndipo ntchito ya kubanki muiiwale, nditseke mlandu tikadye. Ngati akunena zoona, ndinu wamng'ono kwa onse awiri. Simungakhale nkhalamba kunyumba ndi mnyamata kubanki. Sankhani."

Iwo amati mphindi imeneyo inatalika kuposa dzinja. Mbali iyi ankaona tsamba la nthochi loyamba, nyale yamkuwa, nsalu ya Pavithran ikugwa m'matope, mawu ofewa a Sulochana akuti achimwene, madzi osamba atentha. Mbali inayo ankaona mpando wozungulira, thalauza logula kale, ndi anyamata a pa tiyi amene akanawaseka mpaka kumanda. Anatembenuka pang'ono kuyang'ana kumbuyo. Sulochana sanali kulira, sanali kuseka. Ankangowerenga zala, ngati munthu amene akuwerengera mitu ya nsomba. Anaona kuti mbali imeneyo madzi atayika kale, saoleka. Bola atole mpando.

"Amayi anena zoona," ananong'ona.

"Mokweza, kuti alembe."

"Anena zoona."

"Wati chiyani?" anakuwa mayi Bhargavi m'bokosi muja.

"Ndati ndine wamng'ono!"

Mawuwo anamveka mpaka kukhonde, kumene ena odikira milandu yawo anawomba m'manja osadziwa n'komwe za chiyani.

Khoti linagamula kuti zaka ziwiri zichotsedwe, ndipo banki iwalole. Loya Ouseph anawakumbatira, n'kudetsa mkanjo wake. Atatuluka panja, Pavithran anaima patsogolo pawo. Sananyoze, sanakweze mawu. Anawerama, n'kugwira nsonga za mundu wake, n'kuupinda bwinobwino mpaka pamwamba pa mawondo, n'kumanga mfundo yolimba. Kenaka anangoima chilili, maso pa mawondo a a Sugathan, amene anali atapinda wawo chifukwa cha madzi a pabwalo.

Anadikira. Mvula ikugwa. Nsalu ya a Sugathan inagwa.

"Iwe Sugathan," anatero Pavithran mofatsa, ngati akulawa mawuwo, "gwirira amayi ambulera."

Pobwerera kagalimoto kanazima pachikweza. Kale wotsika kukankha akanakhala aliyense kupatula a Sugathan. Tsikulo palibe anachita kunena, anatsika okha.

Za kunyumba madzulo amenewo eni ake amasiyana. A Sugathan amati Sulochana anapakula mpunga, n'kukhala pansi iwo asanakhale, n'kunena kuti, "Iwe, tandipatsira mchere." Sulochana amati sananene kuti iwe, anangoti, "Sugathan, mchere," ndipo dzinalo analitchula koyamba chikwatiwire, linamukomera ngati uchi. Pa za nsomba onse amagwirizana: pakati anadya Sulochana.

"Koma ndine mwamuna wako," anayesa kutero.

"Sindinakane. Idya mchirawo, uli ndi mafuta, ana amakula nawo."

Anadzitonthoza kuti palibe kanthu, akakhala pampando wa banki onsewa adzagwada. M'mawa anavala thalauza ndi nsapato zothina zija n'kukwera masitepe a pamwamba pa sitolo ya nsalu, chigamulo m'manja, kufunsa kuti tebulo lawo ndi liti. Manijala anawerenga, n'kumwetulira.

"Zikomo bambo, tamva. Khoti lati tikuloleni kulemba mayeso."

"Mayeso anji?"

"A ntchitoyi. Pamodzi ndi anzanu ena onse ofunsira."

Anzawowo anadzaza sukulu yonse ya sekondale, anyamata ndi atsikana a madigiri awiriawiri. Pachipata woyang'anira anawaimitsa a Sugathan n'kunena kuti makolo adikire panja pansi pa mtengo. Atalowa, mafunso anali a makompyuta ndi chiwongoladzanja, palibe ngakhale limodzi la madzi mu mkaka. Ndipo musafulumire kuwayamikira achinyamata aja poganiza kuti ndiwo anapambana. Ntchito inapita kwa mwana wa mlongo wa wapampando wa banki, mnyamata wamwayi kwambiri, amene anthu amati anakhoza mayesowo asanasindikizidwe. Ine sindinaone, ndangobwereza zimene ndinamva, Mulungu andikhululukire.

Mlungu womwewo akomiti a kopaletivu ya mkaka anabwera kudzawayamikira a Sugathan. Anati amva kuti ndi wachinyamata kuposa mmene ankaganizira, choncho tsiku lawo lopuma pantchito alisunthira kutsogolo ndi zaka ziwiri. Zigubu zinawalandira ndi manja awiri.

Onam wa chaka chimenecho nyale anayatsa a Pavithran. A Sugathan anapatsidwa ndowa ya msuzi kuti azithira m'masamba a anthu, ndipo mwana wina wa mlongo wawo anawafunsa ngati tsopano aziwatchula kuti malume aang'ono.

Koma nkhani siinathere pamenepo. Mbiri itamveka kuti munthu wachotsa zaka ziwiri ndi pakamwa pa mayi ake, amuna onse obadwa kumapeto kwa Meyi anakumbukira kuti ali ndi amayi. Nkhalamba zimene zinaiwalidwa kuseri kwa nyumba zinayamba kugulidwa nsalu zatsopano ndi mankhwala a m'maso. Pakhonde la khoti panadzaza agogo, aliyense akukumbukira chigumula chake ndi njovu yake imene inalusa pa phwando la kukachisi chaka chimene anabereka. Banki inaona kuti ikapanda kutseka khomo limeneli idzalemba ntchito anthu oyenda ndi ndodo, ndiye inachita apilo ku khoti lalikulu kuti chigamulo cha a Sugathan chifafanizidwe.

A Sugathan atamva, akuti anagona tulo tabwino koyamba. Banki ikapambana, zaka ziwiri zija zibwerera, ndipo pepala ndi pepala. Anathamangira kwa loya Ouseph.

"A Ouseph, apiloyi musavutike nayo. Ndilibe ndalama. Ingoisiyani igwe yokha."

"Ndalama? Zalipidwa kale zonse."

"Walipira ndani?"

"Mayi a kunyumba kwanu. Anakapinyolitsa chibangili chawo chagolide kubanki komweko. Ndipo achimwene anu a Pavithran alonjeza kundinyamula ulere tsiku lililonse la mlandu. Muli ndi banja lokukondani, bambo Sugathan, anthu ena abale awo amawathawa pa milandu. Musaope chilichonse. Ine sindinaluzepo apilo. Mudzafa muli wamng'ono."

Ndiye Lamulungu lapitali, ndikutuluka m'tchalitchi, ndinawapeza atandidikira pansi pa mtengo wa mango, nsalu yogwa kale mpaka kumapazi, poti masiku ano saipindanso, atopa n'kumasula.

"Ndabwera kuti mundipempherere," anatero. "Kukachisi kwathu ndinakaswa kokonati mmodzi, koma wansembe wandiuza kuti Sulochana anandiyambira ndi atatu. Ndiye ndati ndiyese kwanu kuno, mwina sanafikeko."

Sindinawauze kuti Sulochana anafika Lachisanu, ndi makandulo. Ndinangowagwira dzanja, pakuti munthu wovutika ndi wovutika ngakhale mavutowo atawaphika yekha.

"Musadandaule, a Sugathan," ndinatero. "Ndipempha Mulungu, amene analipo tsiku limene munabadwa, kuti choonadi chioneke."

Anandigwira mkono mwamphamvu, maso ali tong'o.

"Ayi, ayi, ayi! Ameneyo musamuitane ngati mboni. Za choonadi zinandikwana ndi amayi. Inu mungopempha kuti ndiluze."